Supuni ya a Aroni

Joni, 11 Febuluwale 1996

Kwa Susana, amake Elifala,

Ndiyambe ndi kufunsa moyo wanu, wa ana, ndi wa adzukulu onse mpaka wakhanda uja sindinamuonebe. Ine kuno ndili bwino, kungoti m'mawa mutu umazungulira pang'ono ndikaweramuka msanga. Ndi ukalamba, musaike kumtima.

Alamu anga a Tomasi, ndikudziwa kuti ndinu mukuwawerengera alongo anu kalatayi. Werengani zonse, musadumphe mzere. Ndipo mukamawalembera yankho, lembani zimene anena iwo. Mawu aja anali kumapeto kwa kalata yapita, akuti munthu wa imvi akusambitsa nkhalamba za eni ake pamene chigafa chake chikudontha, ndinawazindikira kuti ndi anu. Alongo anu salankhula choncho.

Za chigafacho ndatumiza pulasitiki yakuda kwa a Dominiko oyendetsa lole. Akaisiya pa Mponela, Elifala akatenge. Fodya ayambe kuthyola wam'munsi, asathamangire.

Tsopano mundimve bwino. Pano panyumba ya okalamba pamene ndagwira chichokereni ku mgodi pabwera lamulo latsopano. Munthu asagawirenso nkhalamba mankhwala ngati alibe satifiketi. Ine ndagawa mankhwala pano zaka zisanu ndi ziwiri, anamwino ali awiri okha, nkhalamba makumi anayi, ndipo palibe amene anafa chifukwa cha piritsi la m'manja mwanga. A Sisitala Mabaso, amene ndi mkulu wathu, anandiitana nati sukulu yake ndi ya miyezi itatu, Lachiwiri ndi Lachinayi masana, koma ngati ndikuona kuti mutu wanga sukwanitsa, andisamutsira kochapira zovala. Ananena mwaulemu ndithu. Ndinawayankha kuti andilembe dzina.

Ndamva kuti kwathuko boma latsopano latsegula sukulu yaulere, ana akuphunzirira pansi pa mitengo. Ndiye nanenso ndalowa. Sindinakhalepo pa benchi la sukulu, zilembo mukuonazi ndinaziphunzira mu komponi pa Baibulo la mnzanga, koma ndalowa.

Mufunsa kuti ndikudzivutitsiranji. Pali munthu wakwathu pano, dzina lawo a Aroni, kwawo ku Ntchisi kuseri kwa phiri, mbali ya kwa Nthondo. Anabwera ku Joni wapansi inu ndi ine tikadali ana, sanabwererenso. Chaka chatha, nyumba ino itayamba kulandira ndi akuda omwe, a mpingo anakawatola m'kachipinda ku Alexandra. Mtima wawo ndi wofooka, akapanda kumwa mankhwala miyendo imatupa ngati mitondo ndipo mpweya umawathera. Chizulu ndi Chizungu zonse zawathawa m'mutu, chatsala Chichewa chokha. Ndipo samwa mankhwala kwa munthu wina aliyense koma ine. Ndikapita kochapira, amwetsa ndani? Chifukwa chake samwa kwa ena ndidzakuuzani, lero pepala latha.

Ndine mwamuna wanu,
Yeremiya Kalebe

Joni, 24 Malichi 1996

Amake Elifala,

Kalata yanu ndalandira. Ndakondwa kuti chifuwa chija chakusiyani ndiponso kuti pulasitiki inafika. Ine ndili moyo. Chizungulire chilipobe, tsiku lina ndinachita kukhala pansi pa masitepe, koma chinapita chokha.

Mikangala yopachikapo fodya musaithinanitse m'chigafa, fodya apite mphepo.

Za sukulu. Tilipo khumi ndi anayi, mwamuna ndine ndekha, enawo ndi amayi ndi atsikana a msinkhu wa ana athu. Amanditcha Madala. Tsiku loyamba aphunzitsi, amene ndi namwino wopuma pantchito, anafunsa kuti mankhwala ndimawadziwa bwanji poti Chizungu changa ndi cha mumgodi. Ndinati ndimawadziwa monga timasankhira fodya, mtundu wake, kukula kwake, ndi mmene akumvekera m'zala. Anatulutsa mapiritsi awiri oyera ofanana, nati ndinene la shuga ndi liti, la mtima ndi liti. Ndinanena. Anatulutsa ena awiri, ndinanenanso. Kachitatu ndinaphonya. Aphunzitsi anati munthu ameneyo ndamupha. Sindinakangane nawo, ananena zoona. Tsopano botolo lililonse ndimaliwerenga katatu, potenga, potsanula ndi pobwezera, chala chili pa chilembo chimodzichimodzi, kufananitsa ndi zimene dokotala walemba pa khadi la munthuyo. Atsikana amapita kukamwa tiyi nkubwerako ine ndikadali pa botolo lachisanu. Koma chiyambire tsiku lija sindinaphonyenso.

Mayeso olemba ndawakana. Ndinati andifunse pakamwa mafunso omwewo, a Sisitala azimasulira m'Chizulu, poti nkhalamba sindizimwetsa ndi cholembera. Anakakambirana ku ofesi kwawo milungu iwiri, kenaka avomera.

Tsopano za a Aroni zija. Lachinayi lapitali aphunzitsi anati mankhwala a munthu wina asafike pakamwa pako ngakhale kunsonga kwa lilime. Ine ndinangoyang'ana pansi. Amake Elifala, mukudziwa mmene timachitira mlendo akafika, mwini chipanda cha thobwa amayamba wamwa yekha kuchotsa ufiti. A Aroni aiwala zambiri zakwathu, ngakhale mayina a alongo awo amasokoneza, koma chimenechi sanaiwale. Akuti kalekale mu komponi mnzawo wa chipinda chimodzi anamwa zopatsidwa wopatsayo asanalawe, sanaone tsiku lachitatu. Ndiye mapiritsi awo awiri a m'mawa ndimawaphwanya musupuni, kusakaniza ndi tiphala, nkuyamba ine. Ndipo salola zonyambita mwachinyengo, amandiyang'ana pakhosi kuti aone pakuyenda. Akatero amatsegula pakamwa ngati mwana. A Sisitala sadziwa, amangoti ndili ndi dzanja labwino.

Mayeso a m'manja ali kumayambiriro kwa Meyi. Woyesa adzayenda pambuyo panga bedi ndi bedi. Ndisaname, sindinadziwe chimene ndidzachite.

Wanu,
Yeremiya

Joni, 5 Meyi 1996

Amake Elifala,

Moni kwa inu nonse. Ndikhulupirira mwayamba kukolola ndipo msana wanu sukuvuta. Ine thupi lili bwino.

Ndalephera. Ndanena poyamba kuti alamu asavutike kufunafuna.

Mafunso a pakamwa ndinakhoza onse kupatula awiri. Lachisanu ndiye kunali kwa m'manja. Woyesa anali mayi wamtali wa magalasi, atanyamula kathabwa kolemberapo. Ndinasamba m'manja, ndinakankha kangolo ka mankhwala, iye pambuyo panga, a Sisitala pambuyo pake. Munthu aliyense ndinamutchula dzina, kuwerenga khadi, kuwerenga botolo katatu, kudikira mpaka ameze. Pali agogo ena achizungu amabisa piritsi kutsaya nkukalavulira mu mphika wa maluwa. Ndinawauza aonetse lilime, woyesa anagwedeza mutu nalemba. Mabedi khumi ndi limodzi anayenda bwino. Lotsatira linali la a Aroni.

Ndinaphwanya, kusakaniza, nkuwalozetsa supuni. Mumtima ndinkati mwina lero aona alendo achita manyazi, angomwa. Iwo anayang'ana mayi wa magalasiyo, nayang'ana ine.

"Yamba iwe, wa ku Dowa."

"Akulu, lero kuli alendo."

"Ndiye lero lomwe. Ameneyo ukudziwa chimene wabwera nacho m'thumba?"

Ndikanatha kuwapitirira. Koma miyendo yawo ndinali nditaiona m'mawa powasambitsa. Ndinalawa, iwo anamwa.

Woyesa sanakalipe. Ananditengera ku ofesi, nafunsa kuti ndachita zimenezi kwa nthawi yaitali bwanji. Ndinati chaka ndi miyezi iwiri. Anandimanga chiwiya choyezera magazi pamkono pomwepo, napeza kuti akuyenda motsika kwambiri. Akuti chizungulire chija si ukalamba, ndi mapiritsi a a Aroni. Anati ndalakwa pawiri, ndikudzipha ndekha, komanso tsiku ndi tsiku ndimawabera a Aroni gawo la mankhwala amene dokotala anawayezera. Ndinayankha kuti supuni yoperewera imene yalowa m'mimba iposa yodzaza imene yakhuthulidwa pansi. Anati zimenezo nzoona, koma satifiketi sangapereke kwa munthu womwa mankhwala a odwala ake. Ndidzayesenso mu Julayi. Kufikira pamenepo kangolo ndisakagwire. Ndili kochapira.

A Sisitala ndi amene anakwiya, akuti ndawachititsa manyazi pamaso pa mlendo ndipo ndawabisira chaka chonse. Pa kubisako ndinapepesa. Pa kulawako sindinapepese, ndipo sindipepesa. Munthu uja ali moyo lero chifukwa cha supuni imeneyo.

Alamu, sekani, koma mukaseka muuze Elifala amatire nkhokwe chimanga chisanalowe.

Wanu,
Yeremiya

Joni, 9 Juni 1996

Amake Elifala,

Moni. Kuno kwazizira, madzi a kochapira akuluma zala. Ndili bwino, ndipo chizungulire chatheratu. Pamenepo mayi wa magalasi uja ananena zoona, ndivomere.

Mwati ndibwere kwathu, ndakalamba, zandikanika. Mawu amenewa ndawamva kuti ndi anu enieni, ndipo ndawalemekeza. Koma sindibwera.

A Aroni anakana mankhwala masiku asanu ndi limodzi. Wina wa antchito, sinditchula dzina, anaganiza zowasungunulira piritsi mu tiyi. Anamva kuwawa pa kumwa koyamba, anaponya kapu kukhoma, kuchokera pamenepo nkuyamba kukana ndi chakudya chomwe. Miyendo inatupa, anawatengera kuchipatala chachikulu. Anakhalako masiku asanu ndi anayi. Abwerako atachepa, m'mikono muli zipsera. Anandiuza kuti kumeneko anawamanga pa bedi kuti awabaye. Zina anandiuza sindilemba.

Tsopano miyendo ikatupa kwambiri a Sisitala amawabaya jakisoni, anthu awiri atawagwira. Ine ndimamvera kochapira.

Masana ndimawatengera phala, ndimalawa, amadya pang'ono. Chakudya sanandiletse kulawa. Amandifunsa kuti supuni ija ili kuti. Ndinalonjeza a Sisitala kuti sindidzaikanso mankhwala a munthu pakamwa panga, ndipo mukundidziwa, ndikanena ndanena. Kuwanamiza a Aroni, kuyerekeza ngati ndameza, kumenekonso sindingathe. Munthu watsala ndi ine ndekha wolankhula naye padziko lino.

Inu mwasamala odwala ambiri kwathu ku Nachisaka kuposa anamwino a pano. Mukanakhala ine mukanatani?

Ndaika bulangete limodzi ndi kangachepe kwa a Dominiko. Bulangetelo ndi lanu, musapatse mwana.

Yeremiya

Joni, 21 Julayi 1996

Amake Elifala,

Ndikufunsa moyo wanu ndi wa onse. Yankho lanu silinafikebe, mwina lili m'njira. Ine ndili bwino.

Ndakhoza. Satifiketi ili m'sutikesi pansi pa bedi, ili ndi dzina langa lonse ndi chidindo chofiira. Alamu, werenganinso mzere umenewo kachiwiri, mokweza.

Koma mundimve mmene ndakhozera. Anabwera woyesa wa magalasi yemwe uja. Sanafune mabedi ambiri, anati tipite kwa a Aroni. Ndinasamba m'manja, kuwerenga khadi, kuwerenga botolo, kuphwanya, kusakaniza. A Aroni ataona supuni m'manja mwanga nkhope inawala, anayesa kudzuka okha. Ndinagwada pambali pa bedi.

"Akulu, ndabwera ndi mankhwala anu. Koma sindilawanso. Amandidwalitsa ine, komanso ndikalawa ndimakuchepetserani."

Anabwerera pa pilo.

"Akutuma."

"Sananditume, akulu."

"Akugula ndi chiyani, wa ku Dowa? Ndi yunifolomu?"

Ndinadikira, ndinayesanso. Ndinawauza dzina la piritsi lililonse ndi ntchito yake monga anatiphunzitsira. Ndinayesa kachitatu. Anatembenukira kukhoma. Pamenepo ndinachita zimene buku lathu la kusukulu limanena. Sindinakakamize, sindinabise mu chakudya. Ndinataya za musupunizo pamalo pake, ndinatenga cholembera, nkuika pa khadi chizindikiro chakuti wodwala wakana, pambali pake Y.K., kenaka ndinawauza a Sisitala pakamwa. Kanali koyamba kuti dzanja langa lilembe pa khadi la nyumba ino. Woyesa anandigwira chanza nati ndachita zonse molondola.

Ndiye taonani, amake Elifala. Pamene munthu anamwa ndinalephera, pamene sanamwe ndakhoza. Atsikana a m'kalasi anandigulira keke. Ndinadya kuti asakhumudwe.

Kangolo andibwezera. Nkhalamba zina zonse zikumwa bwino. Pa khadi la a Aroni pali chizindikiro chokana masiku atatu ondondozana, onse dzanja langa. Phala langanso tsopano salandira. Dokotala wati zobaya munthu atagwidwa sizingapitirire, mwezi uno ukatha asanayambe kumwa adzawasamutsira kuchipatala chija, osabwereranso.

A Sisitala akuti ndachita mbali yanga, ndisadzizunze. Ndinawauza kuti sukulu sindinalowere pepala. Mwezi sunathe.

Wanu,
Yeremiya

Joni, 4 Ogasiti 1996

Okondedwa amake Elifala,

Moni wa mtima wonse. Ndili bwino. Kalata yanu inafika patapita masiku awiri nditaponya yanga ija. Nditangoona envulopu ndinadziwa kuti dzanja lasintha. Muwathokoze mayi Marita a ku Chigwirizano cha amayi pokulemberani, zilembo zawo nzazikulu, zandikomera maso.

Poyamba ndinadabwa. Ine ndakufunsani za munthu wodwala, inu mukundisimbira za chinkhoswe cha kwa Chisepo. Kuti alamu a Tomasi anakafika kumeneko kwa anthu amene anakangana nawo za malire a dimba, thobwa anakana kuti m'mimba mwavuta, nsima anakana kuti adya kale, koma atabwera mabotolo a Fanta natsegulidwa iwo akuona, anamwa atatu. Ndinaseka ndekha mpaka kutsokomola. Kenaka ndinaona mawu anu a pansi, akuti botolo salawa, muganizepo. Ndinasiya kuseka. Inu munadziwa chimene mukulembetsa.

Ndinapita kukhitchini kukafunsa kuti kodi a Aroni masiku onsewa akukhalira chiyani. Anati nthochi ndi mazira owiritsa, zosenda okha, china chilichonse chimabwerera.

Mapiritsi athu pano amabwera ambirimbiri m'mabotolo akuluakulu, ife nkumatsanula. Koma kusukulu ndinaonako ena otsekeredwa lililonse m'kanyumba kake, pansi pa kachitsulo kopyapyala konyezimira ngati ka m'paketi ya ndudu. Lolemba dokotala anabwera kudzayendera odwala. Kale ndinkaima pakhomo akamadutsa. Tsopano wa satifiketi amaima pa bedi ndi khadi, ndipo akafunsidwa amayankha. Ine sindinadikire kufunsidwa. Ndinapempha kuti mankhwala a a Aroni azibwera otsekeredwa choncho, ndipo azitsegula okha. A Sisitala anati zimenezo nzovuta kuitanitsa, ndiponso munthu wosokonezeka mutu sapatsidwa paketi m'manja. Ndinati paketi ikhala m'manja mwawo ine nditaima pomwepo, akatenga limodzi ndilanda, ndipo buku silikuletsa, ndawerengetsa tsamba lake kawiri. Dokotala anafunsa ngati mapiritsiwo angamezeke osaphwanya. Ndinati munthu womeza dzira ameza piritsi. Anaseka, nalemba.

Mankhwalawo anafika Lachitatu. Ndinawerenga kabokosi katatu, kenaka ndinakaika pa bulangete la a Aroni kali komata, ine manja kumbuyo. Ndinati akulu, izi sizinadutse m'manja mwa munthu wa nyumba ino, tsegulani nokha. Ndinaima. A Sisitala anali pakhomo akuyang'ana wotchi. Patapita nthawi anatambasula dzanja, anatembenuza kabokosi mbali zonse, anang'amba. Anatulutsa kachitsulo kaja, anakayang'anitsa ku windo, anasisita kanyumba kalikonse ndi chala kufuna pobooka. Piritsi la kumapeto analisiya, anasankha la pakati. Chala chawo chilibe mphamvu, chinaterereka kanayi. Manja anga ankafuna kupita okha, ndinawagwira kumbuyoko. Kachisanu linatuluka, linagwera pa bulangete. Analitola. Anatero ndi la mtundu wachiwiri.

"Nanga madziwo?"

Ndinayang'ana a Sisitala, ndinawamasulira. Anapumira m'mwamba, nati za madzi buku silinena kanthu. Ndinamwa theka la kapu iwo akundiyang'ana pakhosi. Analandira, anameza onse awiri, nandionetsa lilime ndisanapemphe.

"Usaganize kuti ndakukhulupirira, wa ku Dowa. Ndakhulupirira kachitsuloka."

Ndinati palibe kanthu akulu, mawa ndibwera nako komweko. Anati ayi, komweko kakagona m'kangolo kwanu, mawa ubwere ndi kosayamba. Ndiye tsopano ndimadula ndi sizasi kanyumba kamodzikamodzi, amalandira kotsekeka, amakasisita monga mwa masiku onse, nkuboola.

Lero ndi tsiku lachisanu. Dokotala wafufuta zowasamutsa zija. Dzulo nsapato inalowa phazi lakumanzere, lakumanja likukanabe. Phala langa sanayambe kulandira, ndipo akandiona amayamba ayang'ana manja anga kenaka nkhope. Zimenezo ndipirira. Pa khadi pali Y.K. kasanu pa mzere wa omwa.

Nazale ya fodya Elifala ayambe kukonza kudimba la kumunsi, la kumtunda madzi amaphwa msanga. Chaka chino pa Khirisimasi musandiyembekezere. Ndikachoka milungu itatu, wogwira m'malo mwanga adzaboola yekha kachitsulo kuti afulumire, zonse nkubwerera pakale. Ndiyambe ndaphunzitsa atsikana awiri kuika manja kumbuyo, ndipo mukudziwa kuti ine ndimachedwa.

Kalata ino awerenge mayi Marita. Koma alamu a Tomasi muwaitane akhale pomwepo amve, ndipo muwagulire botolo limodzi, mutsegule iwo akuona. Athandiza munthu wa ku Ntchisi osadziwa.

Ndine mwamuna wanu,
Yeremiya Kalebe,
wogawa mankhwala